Mlembi wa Za Pakhonde

Lumo linafika pamutu pa Rhoda litabuntha kale, chifukwa linali litameta anthu asanu ndi mmodzi. Iye anangoluma mano n'kumayang'ana tsitsi lake likugwera pansalu. Linali tsiku lachitatu chiikireni mayi ake, a Teleza, ndipo abale onse anali pabwalo, ena pamphasa, ena pazitsa za bulugamu. Kumunsi kwa mudziwo tiyi wa esiteti anali atayala mpaka kuphiri, othyola akuyenda m'mizere madengu ali kumsana.

"Alamu," anatero a Amosi, mlongo wa malemuwo, ometa asanatsuke n'komwe lumo, "ife sitidikira chaka ayi. Loweruka lino tikusudzulani, mubwerere kwanu ku Ntcheu."

Anthu anayang'anana. A Simeoni Ndau, bambo ake a Rhoda, anali atakhala pamudzipo ngati mkamwini zaka makumi awiri ndi ziwiri, akuphunzitsa pasukulu yofolera udzu ya m'mphepete mwa esiteti. Theka la anthu a pabwalopo linaphunzira zilembo m'manja mwawo.

"Ndamva, alamu," anayankha iwo, maso ali pansi.

"Mwamva chiyani? Mkazi wa mphunzitsi kumathyola tiyi mvula ili pamsana, ngati wopanda mwamuna! Inu muli patebulo kulemba za chikondi kuti a ku Blantyre akutameni. Chibayo chamupha mlongo wangachi anachitola m'mizere muja. Ndiponso za m'nyumba mwathu munazimwaza kale m'manyuzipepala. Mwatsala kulemba chiyani?"

A Simeoni anasisita mutu wawo wometedwawo, n'kudzuka kukalowa m'nyumba.

Rhoda anawayang'ana akupita, ndipo chimene chinam'gwira sichinali chisoni chokha. Chinali chinthu chimene chinkamuzunguza kuyambira kale.

Chinali chaka cha 1936, ndipo kwa zaka zisanu ndi ziwiri dzina la bambo ake linali likutuluka mwezi ndi mwezi m'kanyuzipepala ka Chinyanja kosindikizidwa ku Blantyre. Patsamba lachitatu pankakhala nkhani yamutu woti Za Pakhonde, pansi pake S. Ndau, Thyolo. Sizinali nthano, sunalinso ulaliki. Zinali zolingalira za munthu chabe: za okwatirana amene amadyera mbale imodzi koma osadziwana, za akazi amene amuna awo anapita ku Joni ndi ku Halale, za nkhalamba imene imasunga mpando wa mlendo amene sabwera. Kanyuzipepalako kankakwera sitima mpaka kumigodi, ndipo ankati kumeneko amuna ankang'amba tsamba lachitatulo n'kulisunga m'chipewa. Ku chipatala cha mishoni kumene Rhoda ankaphunzira unamwino, odwala ankati akamva dzina lake amadzuka pabedi: "Ndiwe mwana wa a Ndau olemba aja? Ha, uli ndi bambo wodziwa mtima wa munthu."

Koma bambo amene Rhoda ankawadziwa anali munthu woti mwana akalira amangom'patsa choko kuti asewere nacho. Chichokereni pakhomo ali ndi zaka khumi ndi zitatu, makalata awo onse anali ofanana: Tili bwino. Mvula yagwa. Limbikira maphunziro. Ankawerenga kalatayo, kenako n'kuwerenga Za Pakhonde za mwezi womwewo, n'kumadzifunsa kuti munthu mmodzi angakhale bwanji ndi pakamwa pawiri.

M'mawa mwake kapitawo wa pa esiteti anadutsa ndi kalata yochokera kwa mkonzi wa nyuzipepala ija. A Simeoni anaiwerenga ali chiimire, n'kum'patsa Rhoda. Mkonziyo anali kupepesa maliro, ndipo kumapeto anapempha kuti, inu amene mwatonthoza ambiri, mwezi uno tilembereni za mayi a kunyumba.

A Simeoni anatulutsa katebulo pakhonde, n'kuikapo pepala ndi botolo la inki. Rhoda ankasankha nyemba chapafupi, akuwaonera m'mbali. Anaviika cholembera, n'kuchigwira m'mwamba mpaka inki inauma. Anaviikanso. Dzuwa linachoka pamsinkhu wa nthochi kufika paliwombo, pepala lili mbee. Pomaliza anavala chipewa.

"Ndikaone ngati ana sanathyole mabenchi kusukulu," anatero.

Atangokhota, Rhoda analowa kuchipinda n'kukoka bokosi lachitsulo limene linkakhala kunsi kwa bedi. Anadziuza kuti akufuna nsalu za mayi ake zoti abale agawane. Nsaluzo zinalimo ndithu, koma pansi pake panali makope asanu ndi anayi omangidwa ndi luzi. Anamasula.

Dzanja linali la bambo ake, lopendekera kumanja ngati la pabolodi. Koma zolembazo zinali zothamanga, zofufutafufuta, ngati za munthu amene akuthamangitsa mawu a wina. Anapeza nkhani imene ankaikonda kwambiri, ija yoti: Mkazi amene mwamuna wake ali ku Joni sasungulumwa pogona ayi, pogona amakhala atatopa. Amasungulumwa akafika pakhomo ndi mtolo wa nkhuni, n'kupeza palibe womutula. M'kopemo theka la chiganizocho linali m'Chilomwe, cholembedwa molakwikalakwika, Chinyanja chake chili pamwamba ndi zilembo zing'onozing'ono. Rhoda anaseka yekha. Bambo ake anali Mngoni, ndipo zaka zonsezi Chilomwe chawo chinkathera pa moni.

Kenako anayamba kuwerenga timawu ta m'mbali. Akuti apa ndanama. Patsamba lina: Akuti mawu awa ndi a m'kalasi, ndichotse. Pena panali mawu amodzi okha: Aseka.

Akuti ndani? Anakhala pansi kope lili pamiyendo mpaka anamva chipata chikulira, ndipo anabweza zonse msangamsanga.

Lachinayi m'mamawa anatsikira ku esiteti, mame akumunyowetsa mpaka m'mawondo. Ankafuna a Vailet, amene anathyola tiyi moyandikana ndi mayi ake zaka zambiri. Anawapeza pakati pa mzere, manja onse awiri akubudula nsonga n'kumaponya kumsana osayang'ana.

"Wabwera kudzagwira ya mayi ako?" anafunsa a Vailet. "Ima apa, uzichita ngati ukuthyola, kapitawo angatiyambe."

Rhoda anaima mbali inayo ya chitsamba. Sanadziwe poyambira, choncho anangofunsa mosazungulira.

"Amayi, nkhani zija za m'nyuzipepala, ankalemba ndani?"

"Si bambo ako?"

"Ndikunena mawu ake."

A Vailet anaseka mpaka dengu linagwedera. Anaitana mayi wina wa mzere wachitatu m'Chilomwe, n'kumuuza zimene Rhoda wafunsa, ndipo kuseka kunayenda mzere ndi mzere.

"Mwanawe, m'munda muno mulibe mkazi amene sadziwa. Amuna okha ndiwo sadziwa, ndipo palibe anawauza chifukwa palibe anafunsa. Uja wa mtolo wa nkhuni ndine. Ndinanena pompano, tikudikira sikelo. Patatha miyezi iwiri mwana wa mchemwali wanga akundiwerengera nyuzipepala, ndinangoti, Teleza, mfiti iwe!"

"Simunakwiye?"

"Ndinakwiya sabata imodzi. Koma sanatchule dzina, ndipo anakonza bwino kuposa mmene ndinanenera ine. Ine ndinangodandaula kuti khosi likuwawa. Zakuti ndikusowa mwamuna wanga anazimva yekha." A Vailet anaponya masamba kumsana. "Mayi ako anali ndi khutu. Ankatha kuthyola tsiku lonse osanena kanthu, iwe n'kumangotulutsa za kumtima ngati walodzedwa. Kenako amakufunsa kafunso kamodzi, kakang'ono, koti ukagona nako."

"Ndiye n'chifukwa chake sankasiya ntchito?"

"Aphunzitsi anawaletsa kangati! Mpaka anafika pano tsiku lina, nsapato zili matope okhaokha, kudzawatenga mvula ikugwa. Teleza anawauza pamaso pathu kuti, bwererani kusukulu kwanu, ine yanga ndi ino."

Rhoda anabudula nsonga ziwiri zitatu, n'kuzipotokola m'zala.

"Nanga amalume akuti za m'nyumba mwathu zinamwazidwa. Ndi ziti?"

Apa a Vailet anasiya kuseka. "Zimenezo ukafunse kwanu. Ine ndanena za m'munda."

Rhoda anadikira mpaka Lachisanu masana. Anapeza bambo ake kuseri kwa nyumba akumanga mabuku awo m'mitolo, kukonzekera ulendo. Anakhala pamwala pafupi nawo.

"Abambo, ndinatsegula bokosi."

Manja awo anaima pa luzi. Sanakwiye. Anaoneka ngati munthu amene wauzidwa kuti atha kukhala pansi.

"Ndinalonjeza kuti sindidzanena," anatero. "Koma sindinalonjeze kuti ndidzanama ukadzafunsa."

"Zinayamba bwanji?"

"Zinayamba utapita kusukulu iwe. Abale ako awiri tinali titaika kale, ndiye m'nyumba munangoti zii. Lamulungu lina masana, titachokera kutchalitchi, mayi ako anati, aphunzitsi, tengani pepala, ndili ndi kalata. Ndinafunsa kuti yopita kwa yani. Anati lembani kaye, mwini wake adziwika. Ndiye anayamba kunena za mwamuna wina wabwino, wosamwa mowa, wosamenya, amene amabwera kuntchito n'kutsegula buku. Mkazi wake amamuikira madzi, amati zikomo. Amamuikira chakudya, amati zikomo. Mkaziyo amayamba kusirira anzake amene amakangana ndi amuna awo, poti iwo amayang'anidwako kumaso. Ine ndikulemba, ndikukonza ndi zilembo zomwe, ndikuti mumtima, koma mwamuna uyu ndi chitsiru. Ndinafika mpaka pansi pa tsamba lachiwiri ndisanadziwe."

Rhoda anafuna kuseka, koma m'maso munadzaza misozi.

"Ndiye munatani?"

"Ndinaika cholembera pansi. Ndinafuna kunena kanthu, mawu osabwera. Ukundidziwa. Ndiye ndinangoti, kodi pali zina? Anati zilipo zambiri. Kuyambira pamenepo Lamulungu lililonse masana tinkakhala pakhonde paja. Zaka khumi ndi zisanu ndinali nditakhala ndi mayi ako, koma ndinawadziwira pa dzanja langali."

"Anatumiza ku Blantyre ndani?"

"Ine. Ndinaona kuti si ine ndekha chitsiru m'dziko muno. Ndinafuna kuika dzina lawo, anakana. Anati amuna a kumigodi akaona kuti wanena ndi mkazi wothyola tiyi, akulungira fodya pepalalo, pamene ndi iwowo ndikufuna amve. Ikani lanu, aphunzitsi amamvedwa." Anapukusa mutu. "Anthu ankabwera kuchokera ku Masambanjati, ena ku Chimaliro, kudzafunsa nzeru kwa ine. Ndinkangoti khalani kaye mumwe madzi, mayi ako n'kukhala chapatali ngati akusenda chinangwa. Madzulo ake ndiye amandiuza choti ndikawayankhe."

"Mawa muwauze amalume."

"Ayi."

"Akukuthamangitsani pa mlandu woti si wanu!"

"Mlandu wina ndi wanga. Ndinalandira ulemu wa eni ake zaka zisanu ndi ziwiri, ndipo nthawi zina unkandikoma. Komanso ndikhalirenji? Waona wekha pepala lija. Mwa ine mulibe kanthu, Rhoda."

"Inu munalonjeza," anatero Rhoda akuimirira. "Ine sindinalonjeze."

Loweruka abale anasonkhananso pabwalo. A Amosi anayamba ndi mawu a mwambo, oti mkamwini anabwera bwino ndipo apite bwino. Asanafike patali, Rhoda anatuluka m'nyumba makope ali m'manja, n'kugwada patsogolo pawo.

"Amalume, mundikhululukire kulowa mawu a akulu. Ndili ndi funso limodzi. Nkhani imene inakupwetekani ija ndi iti?"

Mwina chifukwa anali mwana yekhayo wa mlongo wawo, a Amosi anayankha.

"Ndinali ku Wankie, ku malasha, chaka changa chachisanu ndi chimodzi ndisanabwereko kumudzi. Mnzanga wina akuwerengera gulu lonse nyuzipepala. Akuti kuli mayi wina wokalamba ku Thyolo, maso anachita khungu, mwamuna aliyense akadutsa pamsewu amamuitana dzina la mwana wake. Akuti amasunga mbewu ya nandolo imene anabwera nayo pothawa kwa Apwitikizi, amakana kuti ana adzale mpaka mwini munda abwere. Nandolo! Ndani wina akanakhala? Anthu onse a kwathu kuno amene anali pamenepo anatembenuka kundiyang'ana. Ndinabwera, inde. Amayi ndinawapeza, anangokhala miyezi iwiri n'kumwalira. Koma munthu wobwera, wodya zathu, kundivula pagulu chotero? Akanandilembera kalata."

"Makalata tinakulemberani anayi, alamu," anatero a Simeoni chapansipansi.

Rhoda anali atapeza kale tsambalo. Anawerenga mmene zinalembedwera poyamba, Chilomwe ndi Chinyanja chosakanikirana, akukonza ndi pakamwa pomwe bambo ake analakwitsa. Munali mawu amene sanatuluke m'nyuzipepala, dzina limene agogo ake ankaitanira a Amosi ali mwana, limene ngakhale Rhoda anali asanalimvepo. Litamveka, azimayi awiri achikulire anagwira pakamwa. Kenako anawerenga za m'mbali.

"Apa abambo analemba kuti: Ndawauza kuti alamu adzakwiya. Pansi pake: Akuti akwiye ali kuno."

A Amosi anatambasula dzanja, Rhoda n'kuwapatsa kope. Sankadziwa kuwerenga bwino, koma analiyang'ana ngati nkhope ya munthu.

"Teleza sankadziwa ngakhale chilembo chimodzi," anatero.

"Sankafuna," anayankha a Simeoni. "Ndinayesa kuwaphunzitsa. Anati ndikadziwa kulemba ndekha, inu mudzabwerera ku mabuku anu."

Wina anaseka kumbuyo, kenako anadzigwira. A Amosi anatembenuza masamba pang'onopang'ono, mpaka anaima.

"Nanga ichi n'chiyani?"

Kuseri kwa tsamba lomaliza la nkhaniyo kunali chidindo cha chala chachikulu, cha inki. Rhoda anali asanachione, poti iye ankangothamangira mawu. Anatsegula kope lina, n'kupeza china, ndi chinanso.

"Nkhani ikatha ndinkawawerengera yonse," anatero a Simeoni. "Ikawakomera ankaviika chala n'kudinda, ngati mmene amachitira ku ofesi ya esiteti. Yopanda chala sinkapita ku Blantyre, ngakhale ine ndiikonde bwanji. Ina inakhala miyezi itatu."

Anadzuka, n'kutenga kope lachisanu ndi chinayi m'manja mwa Rhoda. Anatsegula chakumapeto n'kuliika pamphasa pakati pa iwo ndi mlamu wawo. Tsambalo linali loyera lonse, kuyambira pamwamba mpaka pansi. Pangodya yake yokha ndi pamene panali chala, chopendekeka, inki itayenderera pang'ono.

"Lamulungu lomaliza lija," anatero, "mpweya unali utayamba kale kuvuta. Ndinabweretsa kope kuti mwina ali ndi mawu. Anati lero mawu ndilibe, bweretsani inki. Ndinati mudinda chiyani, palibe chalembedwa. Anati iyi ndi yanu, aphunzitsi. Mudzanene nokha, za kumtima kwanu, ngakhale zikhale mizere itatu. Ine ndavomereza kale."

A Amosi anayang'ana chalacho. Anapukuta m'maso ndi kuseri kwa dzanja, n'kutsokomola ngati ndi fumbi. Abale onse ankadikira kuti mwini mbumba anene za ulendo.

"Alamu," anatero pomaliza, "inu kulemba tsamba limodzi kumakutengerani nthawi yaitali bwanji?"

"Ili, sindikudziwa."

"Mukamasule mitolo ija. Za ku Ntcheu tidzakamba likadzadza."

Anatseka kope mosamala, n'kulibweza kwa a Simeoni ndi manja awiri.